Masiteti 36, thumba limodzi: momwe chitaganya cha Nigeria chinafikira pomwe chili

Mwezi uliwonse mumzinda wa Abuja mumakhala msonkhano umene anthu ambiri a ku Nigeria sanauonepo ndi maso, koma ndi umene umagamula ngati mphunzitsi wa ku Benue alandire malipiro ake kapena ayambe wadikira. Kumabwera akuluakulu oona za chuma a masiteti onse 36, a unduna wa zachuma wa boma lalikulu, ndi a mabungwe otolera misonkho. Amawerengetsa zimene zalowa m'thumba la dziko mwezi wathawo, za mafuta, za kasitomu, za misonkho ya makampani, kenako n'kugawana. Komitiyi amaitchula mwachidule kuti FAAC. Kagawidwe kake n'kodziwika kale: akachotsa gawo la madera otulutsa mafuta, boma lalikulu limatenga 52.68 peresenti, masiteti onse pamodzi 26.72, ndipo makhonsolo 774 amatsala ndi 20.60.

Kupatula Lagos ndi ena owerengeka, masiteti ambiri sangayende popanda ndalama imeneyi. Mitengo ya mafuta itagwa mu 2014 ndi 2015, ambiri anatha miyezi osalipira aphunzitsi ndi anamwino, mpaka boma la Muhammadu Buhari linachita kuwapulumutsa ndi ngongole. Eni dzikolo amati chawocho ndi chitaganya cha botolo la mwana, poti aliyense amangoyembekeza kuti Abuja imuyamwitse. Mawuwa amawawa chifukwa poyamba sizinali choncho. M'zaka za m'ma 1950 zigawo za Nigeria zinali maboma enieni, okhala ndi chuma chawo, nduna zawo, makhoti awo, ngakhale owaimira awo ku London.

Chitaganya ndi ulamuliro umene mphamvu zimagawidwa pakati pa boma lalikulu ndi maboma a zigawo, ndipo kugawako kumalembedwa m'malamulo aakulu a dziko kuti wina asalande za mnzake mmene wafunira. Apa m'pamene chimasiyana ndi zimene ku Malawi timati mphamvu ku anthu. Makhonsolo athu amapatsidwa ntchito ndi boma lalikulu, ndipo lomwelo likhoza kuwachepetsera. M'chitaganya, boma la chigawo silipempha mphamvu zake kwa pulezidenti. Papepala, Nigeria ndi yotero. Nkhani yagona pa zimene zinachitikira ndalama ndi mfuti pamene mapu ankadulidwadulidwa.

Zigawo zitatu

Dzikoli linabadwa pa 1 Januwale 1914, pamene Frederick Lugard anaphatikiza madera awiri a atsamunda, la kumpoto ndi la kummwera. Chinamukoka kwambiri ndi ndalama: kummwera kunali madoko ndi misonkho ya kasitomu, pomwe boma la kumpoto linkadalira thandizo. Ngakhale anawaphatikiza, madera awiriwa anapitiriza kuyendetsedwa mosiyana. Kumpoto azungu ankalamulira kudzera mwa mafumu a Chisilamu, ndipo amishoni sankaloledwa kulowa momasuka m'madera a mafumuwo, choncho sukulu za chizungu zinafikako mochedwa. Mu 1939 kummwera kunagawidwa pawiri, kuzambwe ndi kuvuma, ndipo malamulo a bwanamkubwa Arthur Richards a 1946 anapatsa chigawo chilichonse bwalo lake.

Chimene chinakakamiza chitaganya chenicheni ndi mkangano wa 1953. Phungu wachinyamata Anthony Enahoro anabweretsa ganizo m'Nyumba ya Malamulo ku Lagos loti dziko lidzilamulire pofika 1956. Aphungu a kumpoto anakana. Mantha awo anali omveka: azungu akachoka msanga, maofesi onse a boma adzadzaza ndi anthu a kummwera amene anali kale ndi mapepala a sukulu. Anthu a ku Lagos anawakuwiza m'misewu, ndipo mu Meyi chaka chomwecho ku Kano kunabuka ziwawa zimene zinapha anthu makumi angapo. Atsogoleri a kumpoto anayamba kulankhula zongosiya boma lalikulu ndi ntchito zochepa kwambiri. Misonkhano ya ku London ndi ku Lagos inabala malamulo a 1954, amene anapanga Nigeria kukhala chitaganya.

Nduna ya ku Britain imene inatsogolera zokambiranazo inali Oliver Lyttelton, yemwe uja amene mu 1953 analowetsa Nyasaland ndi Northern Rhodesia m'chitaganya cholamulidwa kuchokera ku Salisbury. Zitaganya ziwirizi sizifanana. Chathu chija anachikakamiza pa anthu akuda amene anachikana poyera, pofuna kuteteza azungu okhazikika. Cha ku Nigeria chinali mgwirizano wa eni dziko amene sankakhulupirirana koma ankafunabe kukhala limodzi.

Zaka zotsatirazo ndi zimene ambiri amazikumbukira mosirira, ndipo pali zifukwa. Chigawo chilichonse chinali ndi mbewu yake yogulitsa kunja ndi bungwe lake loigula kwa alimi. Kuzambwe, kwa Ayoruba, Obafemi Awolowo anatenga ndalama za koko n'kuyambitsa maphunziro aulere a pulayimale mu 1955, ndipo mu 1959 ku Ibadan kunatsegulidwa wailesi ya kanema. Kuvuma, kumene Aigbo ndi ochuluka, boma la Nnamdi Azikiwe linkadalira mafuta a kanjedza ndipo linayambitsa ntchito yomanga yunivesite ku Nsukka, imene inatsegulidwa mu 1960. Kumpoto, matumba a mtedza ankasanjidwa ku Kano milu italiitali kudikira sitima, ndipo Ahmadu Bello anatsegula yunivesite ku Zaria mu 1962. Zigawo zinkapikisana: wina akamanga, mnzake sankafuna kutsalira. Pa ndalama za migodi, theka linkabwerera ku chigawo chimene mgodiwo uli. Pofuna kuona kumene kunali mphamvu, taganizirani izi: Ahmadu Bello, mtsogoleri wa chipani chachikulu kuposa zonse, anasankha kukhalabe nduna yaikulu ya kumpoto ku Kaduna, n'kutumiza wachiwiri wake, Abubakar Tafawa Balewa, kuti akakhale nduna yaikulu ya dziko lonse ku Lagos.

Koma osirira nthawi imeneyo amaiwala zilema ziwiri zikuluzikulu. Choyamba, chigawo cha kumpoto chinali chachikulu kuposa zinzake ziwiri kuziphatikiza. Pachisankho cha 1959, mwa mipando 312 ya m'Nyumba ya Malamulo, 174 inali ya kumpoto. Wogwira kumpoto ankagwira dziko, ndipo a kummwera sankaona njira yosinthira zimenezo ndi voti. N'chifukwa chake kalembera wa 1962 ndi wa 1963 anasanduka nkhondo ya manambala, mbali iliyonse ikunena inzake kuti yawonjezera anthu. Chachiwiri, m'chigawo chilichonse munali mtundu umodzi waukulu wolamulira ndi mitundu ing'onoing'ono yambiri yodandaula: Ativ kumpoto, Aijaw, Aefik ndi Aibibio kuvuma, Aedo kuzambwe. Komiti ya Henry Willink inamva madandaulo awo mu 1957 ndi 1958, koma inakana zowapatsa zigawo zawo, m'malo mwake inati ufulu wa munthu aliyense ulembedwe m'malamulo. Apolisi a mafumu ndi a makhonsolo, kumpoto ndi kuzambwe, ankagwiritsidwa ntchito kuzunza otsutsa chipani cholamula chigawo. Mfundo imeneyi muisunge, chifukwa ikuvutabe mpaka lero.

Dziko litalandira ufulu pa 1 Okutobala 1960, zilemazo zinakula msanga. Mu 1962 boma lalikulu linaimitsa boma la kuzambwe, mu 1963 Awolowo anaweruzidwa kukhala m'ndende, ndipo chaka chomwecho chigawo chachinayi, Mid-West, chinadulidwa kuchokera kuzambwe kokha, kumene kunali otsutsa. Zisankho za 1964 ndi 1965 zinadzaza ndi chinyengo ndi kuwotchana.

Miyezi khumi ndi isanu ndi iwiri imene inasintha zonse

Pa 15 Januwale 1966 gulu la asilikali, ambiri mwa iwo Aigbo, linapha Balewa, Ahmadu Bello ndi nduna yaikulu ya kuzambwe Samuel Akintola. Mphamvu zinagwera kwa mkulu wa asilikali Johnson Aguiyi-Ironsi, nayenso Muigbo. Iye anaona kuti zigawo ndizo gwero la chidani, choncho pa 24 Meyi 1966 anatulutsa lamulo nambala 34 lothetsa chitaganya ndi kuphatikiza antchito a boma a zigawo zonse. Kumpoto analimva ngati chilolezo choti Aigbo abwere kudzatenga maofesi awo. Ziwawa zinayamba, pa 29 Julaye asilikali a kumpoto anapha Ironsi, ndipo Yakubu Gowon atalowa anabwezeretsa chitaganya. Mu Seputembala ndi Okutobala Aigbo zikwizikwi anaphedwa m'mizinda ya kumpoto, ndipo ochuluka zedi anathawira kwawo kuvuma. Ulamuliro wa boma limodzi lokha unayesedwa kwa miyezi itatu chabe, ndipo palibe wabwerezanso kuuyesa.

Mu Januwale 1967 akuluakulu a asilikali anakumana ku Aburi m'dziko la Ghana. Gavanala wa kuvuma, Chukwuemeka Odumegwu Ojukwu, anabwerako akukhulupirira kuti agwirizana zoti zigawo zikhale pafupifupi zodziimira pazokha. A ku Lagos anamasulira mgwirizanowo mwina. Pa 27 Meyi 1967 Gowon anathetsa zigawo zinayi zija n'kupanga masiteti 12, ndipo patatha masiku atatu Ojukwu analengeza dziko la Biafra.

Zimene Gowon anachitazo zinali ndale zakuya. Iye mwini anali Mkhristu wa mtundu waung'ono wa kumpoto, ndiye ankadziwa kulira kwa mitundu yotere. Kumpoto anakudula kasanu ndi kamodzi, motero mantha a kummwera a chigawo chimodzi chomeza zinzake anachepa. Kuvuma anakudula katatu: Aigbo anatsala ndi siteti yapakati yopanda nyanja, pomwe Port Harcourt ndi zitsime zambiri za mafuta zinapita ku masiteti a mitundu ing'onoing'ono. Mitundu imeneyo inapeza chifukwa chokhalira mbali ya Nigeria. Nkhondo inayamba mu Julaye 1967 n'kutha mu Januwale 1970, ndipo anthu pafupifupi miliyoni imodzi kapena kuposerapo anafa, ambiri ndi njala, ambiri mwa iwo ana. Aliyense wokamba za kukonza chitaganya cha Nigeria ayenera kuyambira pa maliro amenewo, chifukwa ndiwo anaphunzitsa olamulira onse otsatira kuti chigawo champhamvu ndi chigawo chimene chingachoke.

Mapu akudulidwa, chuma chikupita ku likulu

Kuyambira 1966 mpaka 1999, asilikali analamulira dzikoli zaka zonse kupatula zinayi ndi miyezi yochepa. Msilikali amadziwa lamulo lochokera pamwamba, ndipo magavanala a masiteti anali maofesala osankhidwa ndi mkulu wawo. Nthawi yomweyo mafuta, amene anapezeka ku Oloibiri mu 1956, anaposa koko ndi mtedza, makamaka mitengo itakwera mu 1973. Zinthu ziwirizi zitakumana, chitaganya chinatembenuka.

Lamulo la 1969 linaika mafuta onse m'manja mwa boma lalikulu. La 1971 linati ndalama za mafuta a m'nyanja si za siteti iliyonse. Gawo lobwerera kumene chuma chachokera, lija linali theka, linatsika kufika pa 20 peresenti mu 1975, pa 1.5 mu 1982, n'kukwerako pang'ono kufika pa 3 mu 1992. Mayunivesite a zigawo, wailesi za kanema ndi mabungwe ogula mbewu zinatengedwa ndi boma lalikulu. Apolisi a mafumu ndi a makhonsolo anathetsedwa, n'kutsala gulu limodzi la dziko lonse.

Mbali inayi masiteti ankangochuluka: 19 mu 1976 pansi pa Murtala Mohammed, 21 mu 1987 ndi 30 mu 1991 pansi pa Ibrahim Babangida, 36 mu 1996 pansi pa Sani Abacha. Likulu linasamukira ku Abuja mu 1991. Chifukwa chimene aliyense ankafunira siteti yake n'chosavuta kumva mukaona kagawidwe. Pa ndalama zopita ku masiteti, 40 peresenti imagawidwa mofanana, siteti ikhale yaikulu kapena yaing'ono, ndipo 30 peresenti ndiyo imatsata chiwerengero cha anthu. Dera likadulidwa pawiri limalandira magawo awiri, malikulu awiri, magavanala awiri, ndipo lero masenata asanu ndi mmodzi m'malo mwa atatu. Palibe amene ankafunsa ngati siteti yatsopanoyo ingadzidyetse. Siteti iliyonse yobadwa inali yofooka kuposa imene yaibala, ndipo boma lalikulu linkakulirakulira pakati pa tizidutswa.

Chodabwitsa n'chakuti chichokereni Mid-West mu 1963, palibe boma la anthu wamba limene lapangapo siteti. Mapu onse alipowa anajambulidwa ndi asilikali, ndipo zokondera zawo zinalowa m'malamulo. Lagos ndi Kano onse anakhala masiteti mu 1967. Kano inadulidwa mu 1991 n'kubala Jigawa, ndipo lero Kano ili ndi makhonsolo 44, Jigawa 27, pomwe Lagos ili ndi 20 basi, ngakhale kalembera wa 2006 anapeza kuti Lagos ndi Kano ali ndi anthu pafupifupi ofanana, kuposa 9 miliyoni aliyense. Popeza khonsolo iliyonse ili ndi gawo lake ku FAAC, kusiyana kumeneku ndi ndalama zenizeni mwezi ndi mwezi. Mwa madera akuluakulu asanu ndi limodzi amene andale amagawira dzikoli, dera la Aigbo lili ndi masiteti asanu, pomwe madera ena ali ndi asanu ndi imodzi ndipo la kumpoto chakuzambwe lili ndi asanu ndi awiri. Kwa Aigbo ambiri, chimenechi ndi chilango cha nkhondo chimene sichinathe.

Si zonse za nthawi imeneyo zimene zinali zoipa, ndipo ndiyenera kunena zimenezi mosabisa. Malamulo a 1979 anabweretsa njira zokakamiza andale kuyang'ana kunja kwa mtundu wawo. Wofuna upulezidenti ayenera kupeza mavoti ochuluka kuposa anzake, komanso kotala la mavoti m'magawo awiri mwa atatu a masiteti onse. Lamuloli linayesedwa chaka chomwecho: Shehu Shagari anafikitsa kotala m'masiteti 12 mwa 19, ku Kano anaperewera pang'ono, ndipo khoti lalikulu linachita kugamula kuti magawo awiri mwa atatu a 19 ndi chiyani. Ngakhale zinayamba ndi mlandu, lamuloli lathandiza kuti pasakhale wopambana ndi mavoti a kwawo okha. Palinso lamulo loti maudindo a boma agawidwe moonetsa mbali zonse za dziko, kotero kuti siteti iliyonse imakhala ndi nduna imodzi kapena kuposa. Mtengo wake ndi wowawa: kuti upindule, uyenera kukhala ndi kalata yosonyeza kumene makolo ako anachokera. Mwana wobadwira ndi kukulira ku Jos, makolo ake atachokera kwina, amawerengedwabe mlendo pofuna ntchito kapena malo a sukulu, ndipo kusiyanitsa eni nthaka ndi obwera kwakhetsa mwazi mumzinda umenewo kuyambira 2001.

Malamulo a 1999 ndi kulimbana kowakonza

Malamulo amene akugwira ntchito lero amayamba ndi mawu onena kuti anthu a ku Nigeria ndiwo awapanga, koma anatuluka ngati lamulo la asilikali nambala 24 la 1999, m'masiku otsiriza a wolamulira wachisilikali Abdulsalami Abubakar, popanda referendamu. Anapatsa boma lalikulu lokha mndandanda wa ntchito 68: asilikali ndi ndalama, zimene n'zomveka, komanso apolisi, migodi, njanji, ndende, ngakhale malipiro otsikitsitsa a wantchito. Ndime 214 imaletsa kukhazikitsa gulu lina lililonse la apolisi. Gavanala amatchedwa mkulu wa chitetezo m'siteti yake, koma komishinala wa apolisi amamvera bwana wake ku Abuja.

Kulira kokweza kunachokera ku Niger Delta, kumene mitsinje inaipitsidwa ndi mafuta pomwe ndalama zake zikumanga Abuja. Ken Saro-Wiwa, amene ankatsogolera Aogoni, ananyongedwa ndi boma la Abacha pa 10 Novembala 1995 pamodzi ndi anzake asanu ndi atatu. Malamulo a 1999 anakweza gawo la madera a mafuta kufika pa 13 peresenti. Pamsonkhano wokonza ndale wa 2005 nthumwi za kumeneko zinapempha 25 peresenti, zitakanizidwa zinatuluka. Achinyamata anatenga zida, mpaka Pulezidenti Umaru Yar'Adua anawakhululukira mu 2009. Dandaulo lawo ndi loona. Koma 13 peresenti ija yaonetsanso china: James Ibori, amene anali gavanala wa Delta kuyambira 1999 mpaka 2007, anaweruzidwa ku London mu 2012 kukhala m'ndende zaka 13 chifukwa cha ndalama zobedwa. Kusamutsa chuma kuchoka ku Abuja kupita ku likulu la siteti sikutanthauza kuti chafika kwa msodzi wa m'mphepete mwa mtsinje.

Masiteti ena anayesa kudzitengera mphamvu osadikira. Zamfara inayambitsa malamulo a Sharia pa milandu yaupandu mu 2000, masiteti ena 11 a kumpoto anatsatira, ndipo ku Kaduna anthu ambiri anafa pa ziwawa za nkhaniyi. Lagos, gavanala wake ali Bola Tinubu, inapanga makhonsolo atsopano 37. Pulezidenti Olusegun Obasanjo anaimitsa ndalama za makhonsolo a Lagos, ndipo mu Disembala 2004 khoti lalikulu linati pulezidenti alibe mphamvu yogwira ndalamazo, komanso kuti makhonsolo atsopanowo sali athunthu mpaka Nyumba ya Malamulo ya dziko itawalemba. Kumanidwako kunathandiza kuti Lagos ilimbikire kutolera misonkho yake, ndipo lero ndiyo chitsanzo chimene ofuna kusintha amaloza. Mu 2021 Rivers inapambana kukhoti la ku Port Harcourt pa mlandu wofuna kumatolera yokha msonkho wa VAT, ndipo mkangano wa amene amapanga ndalama ndi amene amalandira unafika poyera.

Misonkhano yokambirana sinasowe. Wa 2014, woitanidwa ndi Pulezidenti Goodluck Jonathan, unali ndi nthumwi 492 ndipo unapereka malingaliro mazanamazana, kuphatikizapo masiteti ena 18. Lipoti lake silinagwiritsidwe ntchito. Chipani cha Buhari, APC, chinapanga komiti yake, yotsogozedwa ndi Nasir El-Rufai, imene mu 2018 inavomereza apolisi a masiteti ndi kupereka mphamvu zambiri pa migodi. Nalonso linangokhala.

Chifukwa chake chili m'masamu. Kusintha malamulo aakulu kumafuna magawo awiri mwa atatu a aphungu m'nyumba zonse ziwiri, kenako chivomerezo cha nyumba za malamulo za masiteti 24 mwa 36. Masiteti ambiri amalandira ku FAAC zochuluka kuposa zimene amaikamo. Kuwapempha kuti avotere dongosolo loti aliyense adye zake n'kuwapempha kuti adzidule malipiro. Amene akufuna kubwerera ku zigawo zikuluzikulu, monga madera asanu ndi limodzi amene Alex Ekwueme, wachiwiri kwa pulezidenti wakale, anaganizira m'ma 1990, amakumana ndi magavanala 36 osafuna kutaya mipando, komanso mitundu ing'onoing'ono imene ikukumbukira bwino moyo wa pansi pa zigawo zija. Ine ndimaona kuti mantha a masiteti osauka si ulesi ayi. Dziko limene mwana wa ku Yobe angasowe sukulu chifukwa kwawo kulibe doko kapena mafuta silingakhale limodzi nthawi yaitali. Vuto si kugawana, koma kugawana m'njira imene gavanala safunikiranso msonkho wa anthu ake, motero safunikiranso kuwayankha.

Pali chinanso chimene ofuula za mphamvu za masiteti sakonda kuchikamba: mmene magavanala amachitira ndi makhonsolo. Ndalama za makhonsolo zinkadutsa mu akaunti imodzi yoyendetsedwa ndi siteti, ndipo magavanala ambiri ankazigwira, kuchotsa makhansala osankhidwa n'kuikapo makomiti a anthu awo. Kumene zisankho zachitika, chipani cha gavanala nthawi zambiri chimatenga mipando yonse. Ife amene tinakhala opanda makhansala kuyambira 2005 mpaka 2014 tikudziwa mmene boma la pafupi ndi anthu limafera mwakachetechete. Pa 11 Julaye 2024 khoti lalikulu linagamula kuti ndalamazo zizipita ku makhonsolo mwachindunji, ndiponso kuti makomiti osasankhidwa ndi osaloledwa. Ambiri anakondwa, koma akatswiri ena a malamulo anadandaula kuti chigamulocho chikulumikiza makhonsolo ku Abuja mowadumpha masiteti, zimene zikulimbitsanso likulu lomwelo. Mbali zonse ziwiri zili ndi mfundo.

Kusintha kumene kwathekadi kwabwera pang'onopang'ono, ntchito imodziimodzi. Mu Malichi 2023 Buhari anasaina zosintha zolola masiteti kumanga njanji, kukhala ndi ndende zawo, ndi kupanga komanso kugawa magetsi ngakhale m'madera amene mawaya a dziko lonse amafika. Kale siteti inkaloledwa magetsi kokha kumene mawayawo sanafike, ndiye kuti kumidzi kopanda makasitomala olipira. Lamulo la magetsi la Juni 2023 litatsatira, masiteti monga Enugu, Ekiti ndi Ondo anayamba kuyang'anira okha msika wa magetsi. M'dziko limene mabizinesi ang'onoang'ono amadalira jenereta, imeneyi si nkhani yaing'ono, ndipo inadutsa chifukwa sinachotse ndalama m'thumba la siteti ina iliyonse. Komabe dzanja la likulu likadali lolemera: mu Malichi 2025 Pulezidenti Tinubu, yemwe uja anamenyana ndi Obasanjo poteteza Lagos, anaimitsa gavanala wosankhidwa wa Rivers, Siminalayi Fubara, pamodzi ndi aphungu a sitetiyo kwa miyezi isanu ndi umodzi.

Nkhani ya apolisi ndiyo yovuta kuposa zonse. Boko Haram kumpoto chakuvuma, zigawenga zoba anthu kumpoto chakuzambwe, ndi kuphana kwa alimi ndi abusa a ng'ombe m'chigawo chapakati zaonetsa kuti gulu limodzi lolamulidwa kuchokera ku Abuja silikwanitsa. Wapolisi wotumizidwa kudera limene sadziwa chilankhulo chake kapena njira za m'nkhalango zake amafika zinthu zitachitika kale. Mu Januwale 2020 masiteti asanu ndi imodzi a Ayoruba anakhazikitsa gulu lachitetezo la Amotekun. Loya wamkulu wa boma lalikulu panthawiyo, Abubakar Malami, anati n'losaloledwa, koma atakambirana ambiri mwa masitetiwo analikhazikitsa ndi malamulo awoawo, ndipo likugwira ntchito ngakhale lilibe mphamvu zonse za apolisi. Mu Febuluwale 2024 pulezidenti ndi magavanala anagwirizana zoganizira apolisi a masiteti, magavanala a kumpoto amene kale ankakana nawonso atasintha maganizo chifukwa cha maliro a kwawo. Otsutsa amakumbutsa za apolisi a mafumu a m'ma 1960, ndipo amafunsa kuti gavanala amene amatenga mipando yonse pachisankho cha makhonsolo adzachita chiyani akapatsidwa mfuti. Mayankho amene akukambidwa ndi a mmene komishinala angasankhidwire ndi kuchotsedwera popanda kudalira gavanala yekha, amene azilipira apolisiwo m'masiteti olephera kale kulipira aphunzitsi, ndi nthawi imene boma lalikulu lingalowererepo gulu la siteti likayamba kuzunza anthu.